Donald Pleasence ndi Ntchito ya Wosewera Gawo Laling'ono

Ambiri a ife tikonda kuona zithunzi za kanema, zimene makolo athu ankazitcha bayisikopo. Chithunzi chikatha, dzina limene likhala pakamwa pa aliyense ndi la ngwazi imene inagonjetsa adani, kapena la namwali wokongola amene anapulumutsidwa. Koma m'chithunzi chilichonse muli anthu enanso: dokotala, wansembe, kalaliki, mbala, nkhalamba ya pakhomo. Amenewa aoneka kanthawi kochepa nachoka, ndipo maina ao tiiwala msanga. Angerezi ali nalo dzina la munthu amene ntchito yake ndi kusewera zigawo zotere. Amutcha character actor, ndiko kunena munthu amene sasewera ngwazi, koma avala khalidwe la munthu wina lero, mawa la winanso, kufikira woonera aiwala kuti ndi munthu mmodzi yemweyo.

Munthu wotere afanana ndi mchere. Palibe mlendo amene ayamika mchere pakudya, koma tsiku limene wophika auiwala, nyumba yonse idziwa. M'nkhani ino ndifuna kufotokoza ntchito imeneyi poyang'ana moyo wa mmodzi wa akatswiri ake, Donald Pleasence wa ku England, amene anaoneka m'mafilimu ndi m'masewero a pa wailesi ya kanema oposa 200.

Mwana wa ku njanji

Pleasence anabadwa pa 5 October 1919 m'tauni ya Worksop, m'chigawo cha Nottinghamshire. Atate wake anali mkulu wa steshoni ya sitima ya pamtunda, ndipo mnyamatayo atatsiriza sukulu analowanso ntchito ya ukalaliki ku njanji, pa steshoni ya Swinton. Inali ntchito yabwino, ya malipiro odziwika mwezi ndi mwezi, koma mtima wake unali pa masewero. M'chaka cha 1939 anapeza malo m'gulu la osewera pa chisumbu cha Jersey. Sanamlembe kuti akhale wosewera ayi, koma wothandiza kukonza za pa nsanja, ndiye munthu amene anyamula mipando, naona kuti zovala zili m'malo mwake, naitana osewera nthawi yao ikakwana. Gawo lake loyamba linali la Hareton m'sewero lochokera m'buku la Wuthering Heights.

Chaka chomwecho inabuka nkhondo yaikulu yachiwiri. Poyamba Pleasence anakana kulowa usilikali, pakuti chikumbumtima chake sichinalole kupha munthu. Koma m'chaka cha 1940, ataona m'mene ndege za Ajeremani zinali kuponyera mabomba pa mzinda wa London, anasintha maganizo, nalowa m'gulu la nkhondo ya m'mlengalenga la Royal Air Force. Ntchito yake inali yotumiza ndi kulandira mau pa wailesi m'ndege zoponya mabomba. Pa 31 August 1944 ndege yake ya mtundu wa Lancaster inaomberedwa kumpoto kwa France, ndipo iye anagwidwa, naikidwa m'ndende ya akaidi a nkhondo yotchedwa Stalag Luft I ku Germany. M'menemo akaidi analibe chochita, ndipo mdani wao wamkulu anali kutaya mtima. Pleasence anakonza masewero, nasewera yekha ndi anzake, kuti anthu otsekeredwawo aiwaleko mpanda wa waya.

Sukulu yake yeniyeni

Nkhondo itatha anabwerera ku nsanja, nagwira ntchito m'magulu a osewera a ku Birmingham ndi ku Bristol. Tiyenera kumvetsa m'mene magulu a mtundu umenewu ankagwirira ntchito masiku amenewo, pakuti ndimo munaphunzirira akatswiri ambiri a ku Britain. Gulu limodzi linkakhala m'tauni imodzi, ndi kusintha sewero kawirikawiri. M'matauni ang'onoang'ono linkasintha mlungu uliwonse. Usiku osewera anali kuonetsa sewero la mlungu uno, usana anali kuyeserera la mlungu wa mawa, ndipo pogona anali kuloweza mau. Popeza osewera anali owerengeka, munthu mmodzi ankatha kukhala mfumu lero, wantchito mlungu wa mawa, ndi nkhalamba ya zaka 80 mlungu winawo. Wofuna kusankha zigawo sakanakhalitsa. Motero wosewera anaphunzira kusintha mau, mayendedwe ndi kaimidwe, monga mmisiri wa matabwa aphunzira kupanga mpando, chitseko ndi bokosi lomwe.

Maonekedwe a Pleasence sanali a ngwazi ya m'kanema. Sanali wamtali, dazi linamgwira akali wamng'ono, maso ake anali otuwa ndi openyetsetsa, ndipo mau ake anali ofatsa. Wina akanayesa zimenezi tsoka. Iye anaziyesa zipangizo zake. Anazindikira kuti munthu wolankhula pang'onopang'ono, osaphethira, aopsa koposa munthu wofuula. Ndiponso kuti maso omwewo, akangogwa pansi pang'ono, aonetsa munthu wachisoni amene aliyense amchitira chifundo.

Nthawi imeneyo wailesi ya kanema inali yatsopano, ndipo masewero ambiri ankaulutsidwa nthawi yomweyo imene anali kuseweredwa. Wosewera akaiwala mau, dziko lonse linkaona. Anthu ozolowera nsanja ndiwo anali oyenera ntchito yotere. M'mwezi wa December 1954 a BBC anaonetsa sewero lochokera m'buku la George Orwell lotchedwa Nineteen Eighty-Four. Gawo lalikulu linali la Peter Cushing, ndipo Pleasence anasewera Syme, munthu wanzeru amene boma lankhanza linamlemba kuti achepetse mau a m'chinenero, kuti anthu asowe mau oganizira zoukira. Seweroli linaopsa anthu kotero kuti nkhani yake inafika mpaka ku Nyumba ya Malamulo. Chaka chomwecho anaonekanso m'filimu yake yoyamba, The Beachcomber, ndipo pambuyo pake ana a ku Britain anamdziwa monga Prince John wochenjera uja m'masewero a The Adventures of Robin Hood.

Chimene chinakweza dzina lake pakati pa odziwa masewero chinadza m'chaka cha 1960, pamene anasewera Davies m'sewero la Harold Pinter lotchedwa The Caretaker. Seweroli lili ndi anthu atatu okha ndi chipinda chimodzi chodzala ndi zinthu zakutha. Davies ndi nkhalamba yoyendayenda yopanda kwao, imene mnyamata wina wachifundo aitenga kuti igone m'nyumba. Koma nkhalambayo siyamika. Idandaula za nsapato zimene aipatsa, idandaula za mphepo ya pa zenera, inena tsiku ndi tsiku kuti ipita ku Sidcup kukatenga makalata ake, koma osapita, ndipo potsiriza iyesa kudanitsa mnyamatayo ndi mbale wake, nitaya malo ogona. Kusewera munthu wotere nkovuta, pakuti woonera ayenera kunyansidwa naye ndi kummvera chisoni nthawi imodzi. Pleasence anakhoza, napita nalo seweroli ku New York m'chaka cha 1961, ndipo m'chaka cha 1963 linajambulidwa kukhala filimu.

Mkaidi asewera mkaidi

M'chaka cha 1963 munatulukanso filimu ya The Great Escape, yosimba zimene zinachitikadi m'ndende ya Stalag Luft III m'mwezi wa March 1944. Akaidi anakumba njira ya pansi pa nthaka, ndipo 76 anatuluka. Atatu okha ndiwo anathawiratu osagwidwanso. 73 anagwidwanso, ndipo mwa amenewa 50 anaphedwa ndi a Gestapo. M'filimuyi munali maina akuluakulu, monga Steve McQueen, James Garner ndi Richard Attenborough. Pleasence anapatsidwa gawo la Colin Blythe, munthu wofatsa wokonda kupenya mbalame, amene ntchito yake inali kupanga ziphaso zonyenga zoti othawawo ayendere.

Apa ndipo tiona bwino chimene gawo laling'ono lichita. Chifukwa cha kulemba timalemba tating'ono m'kuunika kochepa, maso a Blythe ayamba kuchita khungu. Iye adziwa kuti akazindikiridwa adzamsiya. Tsono aika kaphini pansi, nawerenga mapazi, kuti mtsogoleri akadza, iye akatole kaphiniko monga munthu wopenya bwino. Koma mtsogoleriyo atambasula mwendo, ndipo Blythe apunthwa nagwa. Mnzake, amene anasewera James Garner, alonjeza kumtsogolera. Athawa pamodzi, aba ndege, ndegeyo igwa, ndipo Blythe, posaona kumene apita, aomberedwa ndi asilikali. Anthu ambiri akumbuka filimuyi chifukwa cha njinga yamoto ya McQueen yolumpha mpanda, koma pamene pagwetsa misozi ndi pa wakhungu uja. Popanda iye, filimuyi ikanakhala ngati masewera a anyamata. Iye ndiye atikumbutsa kuti kuthawa kumeneku kunali ndi mtengo wake. Ndipo tisaiwale kuti wosewerayo anadziwa yekha njala, kuzizira ndi mantha a m'ndende yotere.

Msampha wa kutchuka

Gawo limene linamdziwitsa ku dziko lonse linadza m'chaka cha 1967, m'filimu ya James Bond yotchedwa You Only Live Twice, m'mene Bond anali Sean Connery. M'mafilimu a m'mbuyo, mdani wamkulu wa Bond, Ernst Stavro Blofeld, sankaoneka nkhope; anthu ankangoona manja ake akusisita mphaka woyera. Pleasence ndiye anali woyamba kuonetsa nkhopeyo: mutu wadazi, chipsera chachitali chodutsa pa diso, ndi mau ozizira a munthu amene kupha kwa iye ndi ntchito ya mu ofesi. Aoneka nthawi yochepa chabe chakumapeto kwa filimu, koma chithunzi chimenecho chinakhazikika m'mitu ya anthu, kotero kuti patapita zaka 30, m'chaka cha 1997, Mike Myers anachitsanzira moseka popanga Dr. Evil m'filimu ya Austin Powers.

Koma apa pali msampha umene ugwira osewera ambiri a mtundu uwu. Opanga mafilimu aika ndalama zambiri pa ntchito yao, ndipo saafuna kuyesa zatsopano. Akaona kuti munthu wakhoza kusewera woipa, amuitana kudzasewera woipa nthawi zonse. Motero Pleasence analandira zigawo zambiri za amisala, akazitape ndi ankhanza. Anali dokotala wachiwembu mu Fantastic Voyage m'chaka cha 1966, mlaliki woopsa mu Will Penny, ndi Heinrich Himmler mu The Eagle Has Landed m'chaka cha 1976. Tiyeneranso kunena poyera kuti anavomera mafilimu ambiri osayenera luso lake, amene lero palibe awakumbuka. Chifukwa chake sichivuta kuchimvetsa. Wosewera zigawo zazing'ono alibe malipiro a mwezi. Ali ngati waganyu, alipidwa pa masiku amene wagwira, ndipo ganyu ino ikatha sadziwa ngati ina idzapezeka. Wokana ntchito lero akhoza kukhala chaka chonse osaitanidwa. Ena amtsutsa kuti anachepetsa dzina lake posasankha. Ena ati mmisiri weniweni sanyoza ntchito, ndipo ngakhale m'filimu yoipa gawo lake iye analigwira ndi mtima wonse. Ine ndiona kuti mbali zonse ziwiri zili ndi choonadi.

Chomwe chionetsa kuti sanali wa gawo limodzi ndi ichi: m'chaka cha 1965, mu The Greatest Story Ever Told, anasewera Satana woyesa Yesu m'chipululu, ndipo m'chaka cha 1977, mu Jesus of Nazareth, anasewera Melchior, mmodzi wa anzeru a kum'mawa odzalambira Mwanayo. Nkhope inali yomweyo, koma palibe anasokonezeka.

Dokotala, mphunzitsi ndi wansembe

M'chaka cha 1978 mnyamata wina wa ku America, John Carpenter, anali kupanga filimu yoopsa yotchedwa Halloween ndi ndalama zochepa, pafupifupi madola 300,000. Anafuna wosewera mmodzi wodziwika. Peter Cushing ndi Christopher Lee anakana, koma Pleasence anavomera, nagwira ntchitoyo masiku asanu okha. Anasewera Dr. Sam Loomis, dokotala wa odwala misala amene alondola wakupha wothawa m'chipatala. Tsono taonani nzeru yake ya gawoli. Wakuphayo avala chophimba kumaso ndipo salankhula ngakhale liu limodzi. Payekha ndi munthu wamba woyenda pang'onopang'ono. Chimene chitiopsa ndi kuona dokotala wamkulu, wophunzira, ali kunjenjemera pomtchula, pamene apolisi sali kumkhulupirira. Mantha athu tiwatenga kwa dokotalayo. Filimuyi inapindula mamiliyoni ambiri a madola, ndipo Pleasence anasewera Loomis m'mafilimu asanu, mu 1978, 1981, 1988, 1989 ndi 1995. Carpenter anamuitananso kudzakhala Pulezidenti wa America mu Escape from New York m'chaka cha 1981.

Zigawo ziwiri za pa wailesi ya kanema ziyenera kutchulidwa m'magazini ya sukulu. Choyamba ndi cha m'chaka cha 1962, m'masewero a ku America otchedwa The Twilight Zone, m'chigawo cha The Changing of the Guard. Pleasence, ali ndi zaka 42, anasewera nkhalamba Ellis Fowler, mphunzitsi wa pasukulu ya anyamata amene waphunzitsa zaka zoposa 50, ndipo auzidwa kuti apume. Nkhalambayo iganiza kuti moyo wake wapita pachabe, kuti ana ankangoyasamula m'kalasi osatolapo kanthu, nifuna kudzipha. Pamenepo belu lilira, ilowa m'kalasi, nipeza mizimu ya ophunzira ake amene anafa kale, ena ku nkhondo, wina pa ntchito yofufuza mankhwala. Aliyense amuuza phunziro limene linamlimbitsa mtima pa ola lake lotsiriza. Aphunzitsi athu, amene nthawi zina muyang'ana nkhope zathu masana kukutentha ndi kukayika ngati mau anu alowa, nkhani imeneyi ndi yanu.

Chachiwiri ndi cha m'chaka cha 1982, pamene a BBC anaonetsa The Barchester Chronicles, kuchokera m'mabuku a Anthony Trollope. Pleasence anasewera Septimus Harding, wansembe wofatsa woyang'anira nyumba ya nkhalamba khumi ndi ziwiri, amene alandira mapaundi 800 pa chaka. Nyuzipepala imnena kuti adya ndalama zimene mwini chuma anasiyira osauka. Odziwa malamulo amuuza kuti mlandu akhoza kupambana, koma iye, posakhutira mumtima kuti ndalamazo nzake, atula pansi udindo nasankha umphawi. Harding akonda kuimba cello, chida chonga kaligo wamkulu wa zingwe zinai, ndipo akavutika mtima manja ake ayamba kuimba m'malere popanda chidacho. Anthu amene anazolowera kumuona Pleasence ali woipa anadabwa kuona kuti akhozanso kusewera munthu wabwino popanda kumsandutsa chitsiru. Mwana wake weniweni, Angela Pleasence, anasewera mwana wa Harding, ndipo Alan Rickman, amene pa nthawiyo sanali wodziwika, anasewera Obadiah Slope.

Matsiriziro ake

Nsanja sanaiiwale. Ku New York dzina lake linalowa kanai pa mndandanda wa opikisana pa mphotho ya Tony, chifukwa cha The Caretaker, Poor Bitos, The Man in the Glass Booth ndi Wise Child, koma sanailandire. Mphotho ya Oscar sanaiyandikire nkomwe. M'chaka cha 1991 anabwereranso ku gawo la Davies mu London, tsopano ali nkhalamba yeniyeni, pamodzi ndi Colin Firth, ndipo Pinter mwini wake ndiye anatsogolera. M'chaka cha 1994 analandira ulemu wa OBE chifukwa cha ntchito yake ya masewero. Anamwalira pa 2 February 1995 ku Saint-Paul-de-Vence m'dziko la France, ali ndi zaka 75, atachitidwa opaleshoni ya mtima. Filimu yake yotsiriza ya Halloween inatuluka iye atapita kale.

Kodi tsono luso la munthu wotere ligona pati? Ndiona zinthu zitatu. Choyamba ndi kupenyetsetsa anthu: m'mene nkhalamba ikhalira pansi, m'mene wabodza apewera maso a mnzake, m'mene wamantha agwirira chipewa. Chachiwiri ndi kufulumira, pakuti ngwazi ili ndi maola awiri oti tiidziwe, koma wa gawo laling'ono ali ndi mphindi zitatu kapena zisanu, ndipo polowa pakhomo pomwe tiyenera kudziwa kuti ndi munthu wotani. Chachitatu, chimene chili chovuta koposa, ndi kudziletsa. Iye ayenera kuoneka bwino popanda kuphimba mnzake, ndi kumvetsera pamene wina alankhula monga ngati mauwo awamva koyamba, ngakhale awamva kakhumi poyeserera.

Anzanga, chaka ndi chaka pogawana zigawo za sewero la sukulu pamakhala kung'ung'udza. Aliyense afuna kukhala mfumu kapena mkwatibwi, ndipo amene apatsidwa umlonda kapena umesenjala ayamba kujomba poyeserera, ena nasiya ndithu, nanena kuti aphunzitsi akondera. Zotsatira zake tizidziwa: mfumu ilankhula bwino, koma mesenjala alowa mochedwa, aseka pamene sipoyenera, nayang'ana anzake m'holo, ndipo sewero lonse ligwa. Akulu anati mutu umodzi susenza denga. Amene wapatsidwa mizere inai ayambe wadzifunsa kuti mesenjala ameneyu wachokera kuti, wayenda mtunda wautali bwanji, ndipo aopa chiyani pofika pamaso pa mfumu. Akapeza mayankho, adzalowa pa nsanja ali munthu, osati mwana wa sukulu wovala chovala chobwereka. Donald Pleasence anayamba ndi kunyamula mipando ku Jersey, nagwira ntchito yomweyo ya masewero zaka zoposa 50, ndipo lero anthu akumbukabe kaphini kaja anakaika pansi.

Wophunzira wa m'Fomu 4